Ndalama za chaka chino: chigafa cha odikirira odwala kapena odwala amgonagona?

Wapampando:
Moni nonse abale ndi alongo. Lero tikambirane za ndalama za chitukuko zimene tasonkha chaka chino. Maganizo alipo awiri. Oyamba ndi akale aja, omanga chigafa ndi khitchini ya odikirira odwala pachipatala chathu chaching'ono. Achiwiri abwera ndi achemwali athu anamwino, oti tiyambe kusamalira odwala ovuta m'midzi. Mbali yanga mukuidziwa, ndimafuna chinthu choti tikapita kumudzi pa Khirisimasi tichiloze ndi chala. Koma ndisatsekereze anzanga. Achemwali, tafotokozani, ambiri sitinamvetse kuti odwala ovutawo ndi ati.

Namwino wa ku Blantyre:
Zikomo bambo Wapampando. Poyamba ndikonzeko mawu. Wodwalayo si wovuta ayi, chovuta ndi katundu amene wasenza. Ndikunena munthu amene matenda amgonagona amuunjikira awiri kapena atatu. Ganizirani mayi amene wamwa ma ARV zaka zambiri, akumuyanja bwinobwino, koma lero wapezeka ndi shuga komanso BP. Ma ARV amakalandira tsiku lake, pamzere wake. Za shuga ndi BP tsiku lina, khomo lina, mwinanso mpaka kuboma. Aliyense womuona amaona nthenda yake yokha. Ya kabaza ikasowa amasankha ulendo umodzi, ndipo pa zimene ndaona ine, umene umasiyidwa ndi wa BP, poti BP sipweteka. Timadzakumana naye atafa kale ziwalo mbali imodzi.

Chinanso, mankhwala amakokana m'thupi. Dolutegravir, amene ali m'ma ARV omwe ambiri akumwa masiku ano, amachititsa kuti metformin wa shuga achuluke m'magazi, ndiye wopereka metformin ayenera kudziwa kuti munthuyu akumwanso chiyani. Mayi yemweyo mawondo akamaphwanya amagula brufen pagolosale tsiku ndi tsiku, osadziwa kuti akumaliza impso zimene shuga ndi BP zayamba kale kudya. Impso zikaima, zotsuka magazi pa makina ndi za kuzipatala zikuluzikulu monga ku Kamuzu Central kapena ku Queens, ndipo makinawo ndi ochepa. Munthu wa kwathu angakhale m'tauni moyo wake wonse kudikira makina?

Achimwene a ku Joni:
Achemwali, zomwe mukunenazo ndi zoona, sindikukana. Koma imeneyo si ntchito ya boma? Ife tikuvutika kuno, ena tikugona anayi m'chipinda chimodzi kuti titumize kangachepe. Nyumba ukamanga wamanga. Odwala sadzatha. Ndipo ndinene mosabisa, chaka chija tinatumiza ndalama za feteleza wa okalamba, mayina analowa a anthu amphamvu zawo, agogo enieni osaona ndi thumba lomwe. Asankhe odwalawo ndani? Mawa timva kuti aliyense wa mutu waching'alang'ala ndi wodwala wamgonagona.

Aphunzitsi opuma, kumudzi:
Ana anga, ndiloleni ndiyankhule monga munthu amene zili pakhomo pake. Mayi anu kunyumba kuno anagwa ndi sitiroko, mvula ino ndi yachitatu. Anali ndi BP, tinkadziwa, koma mankhwala akatha tinkati tidzapita tikakolola. Tsopano sayenda, kuyankhula ndi movutikira, phala timachita kuwamwetsa pang'onopang'ono kuopa kutsamwa. Usiku ndimadzuka kangapo kuwatembenuza, chifukwa mukawasiya mbali imodzi pamatuluka chilonda pathako, ndipo chilonda chimenecho chikayamba sichimva mankhwala msanga. Sopo amatha ngati mchere. Zofunda timachapa tsiku lililonse, nthawi ya mvula kuti ziume ndi nkhani ina. Mdzukulu wanga wamkazi anajomba kusukulu teremu yonse kuti azithandiza kuwasambitsa, poti pali zina zimene ine mwamuna wokalamba sindingathe ndekha. Ine mphunzitsi, amene ndinkakalipira makolo ojombetsa ana, mtima unandipweteka kwambiri.

Tsono mwana wanga wa ku Joni, funso lako la kusankha ndiliyankhe chonchi. Kutsidya kwa dambo kuli bambo wina nthenda yake ndi yomweyi, koma ali ndi ana anayi pantchito, anamugulira njinga ya olumala, amamutengera kuchipatala pa galimoto. Pafupi ndi ife pali gogo wina wa shuga, maso anachita khungu, akulera adzukulu awiri amasiye, mapiritsi amawazindikira pongowakhudza. Mukalemba potsata dzina la nthenda, wa sitiroko uja ndiye ayamba. Mukalowa m'nyumba n'kuona, muyamba ndi gogoyu. Musafunse nthenda yokha. Funsani kuti akumusamala ndani, wadya chiyani dzulo, ndipo kuchipatala amafika bwanji.

Namwino wa ku Blantyre:
Bambo, mwanena zimene ndimalephera kuzifotokoza. Pepani kwambiri ndi matenda a amayi. Ndi zomwezo. Nthenda ziwiri kapena kuposa, kapena imodzi yomugoneka munthu pansi, kuphatikizapo pakhomo posowa womugwira dzanja. Zikakumana zimenezi, ameneyo ndiye wathu.

Msungichuma:
Ine ndifunse za ndalama poti ndi ine ndidzayankhe mafunso. Zomwe zili m'thumba sizingagule mankhwala a anthu mwezi ndi mwezi. Tikayamba kugula insulin, mankhwala obaya a shuga aja, n'kudzalekeza pakati, tapha munthu ndi manja athu. Kwenikweni tigula chiyani?

Namwino wa ku Blantyre:
Mankhwala ayi amayi, amenewo ndi aulere kuchipatala cha boma ndipo tisalande ntchito ya eni ake. Ife titseke mipata imene ili pakati pa nyumba ndi chipatala. Makina oyezera BP a mabatire, kamakina koyezera shuga ndi timapepala take, magolovesi, sopo, mapulasitiki oyala pamphasa, njinga zakapalasa ziwiri kapena zitatu. Kenako kathumba ka kabaza ka tsiku la sikelo. Anthu oyendera odwala tisawapange atsopano, m'mipingo mwathu alipo kale amayi amene ankayendera odwala nthawi ija Edzi inavuta, ma ARV aulere asanayambe mu 2004. Luso ali nalo. Aphunzitsidwe kuyeza, kulemba m'buku la kuchipatala la wodwalayo, ndi kudziwa zizindikiro zoti apa thamangani. Onse akhale pansi pa alangizi a zaumoyo, asamadzipange madokotala.

Si zongolota izi. Ku Neno, bungwe la Abwenzi Pa Za Umoyo, lomwe ndi Partners In Health, lakhala likugwira ntchito ndi boma kuyambira 2007. Kumeneko anaphatikiza sikelo ya ma ARV ndi ya matenda ena amgonagona, munthu amabwera tsiku limodzi n'kuonedwa zonse, ndipo ali ndi anthu oyendera mabanja m'midzi. Ife sitingafike pamenepo, ndalama zawo si zathu. Koma kupempha akuluakulu a pachipatala chathu kuti odwala athuwa azipatsidwa tsiku limodzi m'malo mwa atatu, sikulira ndalama.

Azakhali a ku Leeds:
Ndakhala ndikuwerenga ndili pa basi kuchokera ku ntchito. Kuno ntchito yanga ndi yomweyi, kusamalira okalamba, ndipo zimandiwawa kuti ndimatembenuza amayi a eni pomwe kwathu aphunzitsi akudzuka okha usiku. Chimene ndaphunzira n'chakuti wosamalira wodwala nayenso ndi wodwala wamawa. Msana umatha, tulo kulibe, kumunda sapita, ndiye njala imalowa. Pa ndondomeko yanuyo muikemo kuti woyendera uja azikhalako theka la tsiku, mwini nyumba apite kumsika kapena kutchalitchi, mwana apite kusukulu. Ndiponso muzimufunsa wodwalayo chimene iye akufuna. Ena safunanso kuyendayenda m'zipatala, amangofuna ululu uleke, afere pakhomo pawo pali abale.

Namwino wa ku Blantyre:
Eya azakhali. Chisamaliro chotere chilipo m'dziko muno, ku Tiyanjane ku Queens, ku Ndi Moyo ku Salima, ndi m'zipatala zambiri za maboma. Pali morphine wamadzi, mankhwala amphamvu oletsa ululu, amene wodwala khansa angamwe ali kunyumba. Ambiri kwathu sadziwa, amangoti kuchipatala atibweza, basi n'kumalira usiku wonse ndi panado.

Mphwanu wa ku Lilongwe:
Akuluakulu, mukungotchula okalamba. Nanga akhunyu? Mnzanga amene ndinakula naye anagwera pamoto, anthu anaima patali kuopa kuti akamukhudza atengera, chonsecho khunyu sapatsirana. Mankhwala ake ofunika kumwa osadumphitsa, koma amakhala yekha ndipo mutu unayamba kusokonekera. Aliponso ana a shuga obaya insulin, nyumba zopanda magetsi, botolo amasunga mumtsuko pozizira. Ngati tikuti osenza katundu wolemera, awanso alowe. Apo ayi ine voti yanga ipita ku chigafa.

Aphunzitsi opuma, kumudzi:
Alowe ndithu. Mnyamata ukunenayo ndikumudziwa, dzanja linapinimbira ndi moto uja.

Mlembi:
Pepani ndidule pang'ono. Pagulu pano tilipo anthu oposa 100, ena sitidziwana n'komwe. Chonde pasapezeke wolemba dzina la wodwala pano, kapena kuponya chithunzi chake ali pamphasa kuti tionetse kuti ndalama zagwira ntchito. Mudzi ndi waung'ono. Anthu akangoona njinga ya gulu yaima pakhomo pa uje, ayamba kunong'ona kuti ali pa ma ARV, ndipo wina adzabisala n'kusiya mankhwala chifukwa cha ife. Mayina akhale ndi alangizi a zaumoyo ndi achipatala. Ife tizingomva chiwerengero.

Achimwene a ku Joni:
Apo ndiye pandivuta alembi. Mayina tisaone, zithunzi tisaone, ndiye tidziwa bwanji kuti si za feteleza zija? Ine sindikukana kuthandiza. Mayi anga omwe anamwalira ndi shuga atadulidwa mwendo, ndikudziwa ululu wake. Koma ndalama yopanda maso imasochera.

Msungichuma:
Achimwene, nkhawa yanu ndi yanganso. Tingachite chonchi: ndalama isapite m'manja mwa munthu. Katundu ndigule ine, malisiti ndiponye pano. Akabaza tisankhe awiri odziwika, tiziwalipira pa Airtel Money kapena Mpamba ulendo ukachitika, achipatala atasaina. Mndandanda auone anthu awiri okha amene tonse timawakhulupirira, mmodzi musankhe inu a ku Joni. Amfumu tiwadziwitse mwaulemu, koma kulemba mayina kusadzere kwa iwo.

Achimwene a ku Joni:
Zikatero ndiye ndingamve. Koma tiyese chaka chimodzi, tione.

Wapampando:
Ndamva zonse, ndipo mawu a aphunzitsi andikhudza. Komabe chigafa ndisachitaye. Amene anagonapo panja pachipatala paja mwezi wa February akudziwa. Amayi oyembekezera amaphika mvula ikuwakhuthukira, nkhuni zonyowa, usiku udzudzu. Odikirira odwalawo ndi omwewa mukuti tiwapepuze katundu. Ndipo ndikuopa chinthu chimodzi: zaka zitatu zikubwerazi ena mwa ife ntchito zidzatha, zopereka zidzachepa. Tidzawauza chiyani odwala amene tawazoloweza kuti Lachitatu kumabwera munthu?

Namwino wa ku Blantyre:
Funso limenelo ndi lolemera bambo, ndipo chigafacho n'chofunikadi. N'chifukwa chake ndikuti tiyambe ndi ochepa amene tingathe kuwasunga osawataya, ngakhale khumi okha, m'midzi yoyandikana. Makina ndi maphunziro n'zogula kamodzi. Zobwerezabwereza ndi timapepala ta shuga, mabatire, sopo ndi kabaza. Amayi Msungichuma atawerengera zimenezi pa chaka, tiona ngati chotsala chingayambe maziko a chigafa, kapena khitchini yokha.

Wapampando:
Chabwino. Tisavote lero. Amayi Msungichuma, tipezereni mitengo. Aphunzitsi, poti muli pafupi, kaonaneni ndi alangizi a zaumoyo ndi akulu a pachipatala Lachinayi, mukamve ngati angalole za tsiku limodzi zija, ndiponso kuti iwo akuona kuti anthu otere alipo angati m'dera lathu. Mukafunsenso maganizo awo pa chigafa. Voti Lamlungu madzulo.

Aphunzitsi opuma, kumudzi:
Ndipita. Koma alembi muwauze kuti ndifika cha m'ma 10 koloko, osati m'mamawa. Ndiyenera kuwasambitsa kaye mayi ndi kuwamwetsa phala, ndipo mlamu wanga amene adzakhale nawo amachokera kutsidya, amafika dzuwa litakwera.