Gulu la Banja: Za Makamera a kwa Agogo

Malume: Mwadzuka bwanji nonse. Woika makamera akubwera Loweruka. Mwa anthu 9 apereka 4 okha. K40,000 aliyense. Amene sanapereke akudzidziwa.

Mayi aang'ono: Achimwene, musanathamangire ndalama, makamerawo aloza kuti? Mukaima pakhonde paja, bafa la aneba limaoneka lonse, mpanda wake ndi wa udzu.

Malume: Nkhuku zinapita, njinga inapita. Anebawo anatithandiza chiyani?

Achemwali a ku Leeds: Malume, mayi aang'ono akunena zoona. Kuno mu 2021 khoti la ku Oxford linapeza bambo wina wolakwa chifukwa makamera ake, kuphatikizapo ka Ring kapachitseko, ankatola mawu a anthu kunja kwa malo ake. Woweruza anati kujambula mawu nkoipa kuposa zithunzi.

Malume: Kuno si ku England. Perekani.

Msuweni: Ngakhale kwathu kuno malume, gawo 21 la malamulo aakulu a dziko limateteza zinsinsi za munthu. Mu 2024 kunabweranso Data Protection Act, lamulo loteteza zambiri zokhudza munthu, ikuyang'anira ndi MACRA, bungwe loona za mafoni ndi mawailesi. Kanema wa munthu sitingangomuponya pa WhatsApp kapena Facebook ayi.

Alamu: Pepani, fetereza wa agogo anafika? Mvula yayandikira.

Msuweni: Thumba limodzi lokha, lina lidakali ku Lilongwe.

Alamu: Bola zisathe ngati za malata zija.

Malume: Za malata tinamaliza. Pano ndi makamera. Anthu 5 sanapereke.

Mayi aang'ono: Ine mtima wanga uli pa mtsikana amene amasamalira amayi. Wauzidwa? Madzulo amakhala pakhonde pomwepo nkumayankhula ndi ana ake pafoni. Amayi nawonso amalandirira pomwepo anzawo a Mvano, amakamba za matenda, za mabanja a anthu. Ndiye ife tizimvetsera zonsezo tili m'tauni? Zimenezo ayi, nzochititsa manyazi.

Achemwali a ku Leeds: Mawu tingozimitsa, zimatheka. Ina iloze pageti, ina kukhola. Kuchipinda kwa mtsikanayo kusaloze chilichonse. Pageti tilembe kuti pali kamera. Nanga password asunga ndani?

Malume: Ine.

Alamu: Akhale awiri.

Malume: Chabwino, mawu tizimitsa. Achimwene a ku Joni, mukuwerenga ndikukuonani, koma zii.

Mayi aang'ono: Ndipita Lachinayi ndikawafunse amayi eni ake, ndidutsenso kwa aneba. Yanga ndituma pa Mpamba amayi akavomera.