Chipepeso cha ngozi yapamsewu chachepa koma nthawi ya apilo yadutsa, pali chochita?

Wofunsa: Akuluakulu, ndiunikireni. Munthu anagundidwa ndi minibasi, mwendo unathyoka pawiri ndipo anamuika zitsulo. High Court inagamula chipepeso chochepa poyerekeza ndi kuvulalako. Papita miyezi 4 chigamulire. Apilo ingathekebe?

Yankho loyamba: Ingatheke, koma tsopano mukhala mukupempha chilolezo, si ufulu wanu ayi. Gawo 23 la Supreme Court of Appeal Act, lamulo lokhudza khoti lalikulu la apilo, limapereka masabata 6 opereka chidziwitso cha apilo kuchokera tsiku la chigamulo chomaliza. Chikakhala chigamulo chapakati pa mlandu, ndi masiku 14 okha. Nthawi ikadutsa, loya amapempha khoti kuti liwonjezere masiku, ndipo pempholo limapita ndi zinthu ziwiri: kalata yolumbira yofotokoza chomwe chinachedwetsa, komanso mfundo za apilo zosonyeza kuti nkhaniyo ndi yoyenera kuimva. Chikasowa chimodzi, pempho lagwa.

Pa kalata yolumbirayo ndi pomwe ambiri amapunthwa. Kungolemba kuti "ndinkadwala" sikukwanira. Ikani masiku: anagonekedwa liti, anatuluka liti, chigamulo cholembedwa anachilandira liti, kwa loya anafika liti. Phatikizani buku lakuchipatala. Mwezi uliwonse umene simunaufotokoze, a inshuwalansi ya minibasiyo adzaugwirira pompo. Kunena kuti simunkadziwa lamulo sikuthandiza kwenikweni.

Yankho lachiwiri: Musanathamange, funsani kaye ngati wovulalayo anasaina pepala lililonse polandira ndalama. Ngati linalembedwa kuti walandira zonse ndipo sadzafunanso china, nkhani yavuta kale. Chinanso, khoti la apilo silikweza ndalama chabe chifukwa munthu wadandaula. Muyenera kuonetsa kuti woweruza anaphonya mfundo ya lamulo, anasiya mbali ina, kapena ndalamayo yatsika kwambiri poyerekeza ndi milandu ya kuvulala kofanana. Werengani chigamulocho mzere ndi mzere: ululu, zimene sangathenso kuchita pamoyo, zipsera, kuchepa kwa mphamvu zopezera ndalama. Onaninso zaka za milandu imene anafanizira, poti kwacha inagwa ndi 25 peresenti mu May 2022 ndi 44 peresenti mu November 2023, choncho ndalama za milandu yakale zinachepa mphamvu.

Wofunsa: Zikomo kwambiri. Nanga dokotala akalemba lipoti latsopano loti mwendowo wafupika?

Yankho loyamba: Apa pamawawa. Apilo imayendera umboni womwe unaperekedwa kale. Watsopano amaulola patalipatali, makamaka ngati kunali kosatheka kuupeza nthawi ya mlandu. Nchifukwa chake si bwino kuwerengetsa chipepeso bala lisanapole.

Yankho lachitatu: Funsaninso malire a ndalama pa inshuwalansi ya minibasiyo. Kampani imalipira mpaka pamalirewo, zotsala mumakazifuna kwa mwini galimoto, amene mwina alibe nkomwe katundu woti asherifu nkulanda. Ngati ndalama za loya palibe, pitani ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma lothandiza pa milandu anthu osowa ndalama za loya, sabata ino ndi chigamulo, lipoti la apolisi ndi la dokotala. Nambala ya mlandu musaiwale.