Ndithandizeni novelo yoti ndiwagulire asisi anga

Membala wobisa dzina: Muli bwanji nonse, admin chonde dzina mundibise chifukwa alamu anga alimo muno ndipo amawerenga chilichonse. Asisi anga aakulu amene anandilera amayi atamwalira akudutsa m'nthawi yovuta zedi, angokhala m'nyumba ku Kapata kuno ku Chipata, tebulo lawo la tomato ku Saturday Market akugulitsapo ndi mwana wa aneba ndipo ndalama zake sizioneka bwino koma imeneyo ndi nkhani ina. Kale ankakonda manovelo maningi, ndiye ndaganiza ndiwagulire buku la mzimayi amene zinamugwera zazikulu koma anaimanso, mwina mtima ungakhaleko pansi. Ndazungulira m'tauni, mashopu angodzaza mabuku a mayeso ndi ma Baibulo, mtsikana wa m'shopu ina anandiyang'ana ngati ndafunsa mazira a ng'ona. Mng'ono wathu wa ku Lusaka amene ali ndi ndalama amangotumiza ma sticker a manja opemphera pa WhatsApp, azakhali akuti tipite nawo kwa mneneri wina ku Mchini ine ndakana tayambana. Za pa foni musandiuze, malaiti mudziwa mmene azimira komanso foni yawo ndi ya mabatani. Ndili ndi K250 chabe. Buku lanji?

Amake Dalitso: Pepani mama. Koma chawachitikira asisiwo n'chiyani? Maliro, banja, matenda?

Madam Tembo: Mwana wanga usavutike. Ndaphunzitsa Literature mpaka kupuma ntchito, buku ndi limodzi basi, A Cowrie of Hope, wolemba Binwell Sinyangwe, mZambia mnzathu, linatuluka mu 2000. Nasula ndi mayi wamasiye wa kumudzi, achibale a mwamuna anamulanda zonse, watsala ndi mwana mmodzi Sula amene wakhoza mayeso koma fizi palibe. Anyamula thumba lake la nyemba mpaka ku Lusaka kuti akagulitse, kumeneko tsotsi wovala bwino amunamiza n'kuthawa nalo thumba lonse. Wina akanakhala pansi n'kulira. Iye anamusaka munthuyo mu Lusaka monse wopanda ndalama wopanda pogona. Ndi lopyapyala, Chizungu chake chosavuta. Ena onse amene abwere pansipa usawamvere.

Tisa wa ku Moth: Madam munthu ali kale ndi chisoni inu mukumupatsa buku loti alandidwe katundu n'kubedwanso nyemba? Mpatseni za chikondi aseke pang'ono. Ine pamene bambo wa mwana wanga anathawa ndi ndalama za chilimba ndinapulumukira ma Mills and Boon a salaula, ndinkawerenga mpaka tambala kulira, ndimadziwa kuti mapeto ake akwatirana basi ndipo zimenezo ndi zomwe mtima umafuna.

Madam Tembo: Tisa ndi mabuku amenewo anawononga ana a sukulu. Ndinkawalanda m'kalasi atabisidwa mkati mwa buku la Geography. Mzungu wa ndege yakeyake akwatira sekilitale, zikugwirizana bwanji ndi mayi wa tomato ku Saturday Market?

Tisa wa ku Moth: Ndiye munali inu eti, mubweze mabuku athu.

Bambo Phiri Katete: Mabuku si nkhani apa. Ngati amuna awo amwalira thamangani mukaone za katundu abale asanagawane mipando. Lamulo la 1989 la chuma cha masiye likuti munthu akafa wosalemba wilo ana atenga 50 peresenti, mkazi 20, makolo 20, odalira ena 10. Achemwali anga analandidwa mpaka mapoto ndi mbale chifukwa chokhala chete, tinadzuka mochedwa. Ku polisi kuli Victim Support Unit, pitani kumeneko osati ku bookshop.

Amake Dalitso: A Phiri ndani wanena kuti kuli maliro? Mwini post sanayankhe.

Mulenga Kopala: Imwe a kum'mawa mwayamba liti kuwerenga manovelo? Mpatseni mbewa ziwiri zowamba bwino achira mawa lomwe.

Jere Mngoni: Admin mBemba uyu walowa bwanji muno, bwerera ukadye anyani ako.

Mulenga Kopala: Mbuya usakwiye, ndabwera kudzaona ngati mumatha kuwerenga.

Madam Tembo: Ngati ndi nkhani ya mitala ndiye So Long a Letter, wolemba Mariama Bâ wa ku Senegal. Ramatoulaye ndi mphunzitsi ngati ine, wabereka ana 12, mwamuna wake Modou akwatira kamtsikana Binetou kamene kanali kamnzake ka mwana wawo weniweni. Buku lonse ndi kalata imene akulembera mnzake Aissatou ali pa chisoni mwamunayo atamwalira. Aissatou naye anamukwatirira wina koma iye ananyamuka n'kusiya banja, Ramatoulaye anakhala. Wolembayo sakuuza kuti wolondola ndani, uganiza wekha. Masamba ake safika ndi patali, munthu utha kumaliza Sabata limodzi masana.

Mtumiki Zulu: Zonsezi ndi nzeru za anthu. Buku la Rute lili ndi machaputala 4 okha, Naomi anataya mwamuna ndi ana aamuna awiri kudziko la eni koma Mulungu anamukumbukira. Baibulo ali nalo kale m'nyumba, K250 yo mugulire ufa.

Madam Tembo: Abusa Rute timamudziwa, ndine wa chigwirizano cha amayi. Mwanayu wafunsa novelo.

Chiko Reads: Ndiyankheko zenizeni poti ena mwayamba ndewu. Munthu amene watopa m'mutu osamupatsa zolemera. Yesani The No. 1 Ladies' Detective Agency, analemba Alexander McCall Smith, la mu 1998. Mma Ramotswe wa ku Botswana anakwatiwa ndi woimba lipenga amene ankamumenya, mwana wake anamwalira ali khanda, kenako bambo ake atamwalira anagulitsa ng'ombe zomwe anamusiyira n'kutsegula ofesi yofufuza milandu ku Gaborone. Timilandu take ndi ta amuna osowa, azibambo abodza, umaseka koma ukuona kuti mayiyu anachokera kutali. Machaputala afupiafupi, ukhoza kusiya n'kudzapitiriza mawa. The Mourning Bird la Mubanga Kalimamukwento ndi labwino koma ilo ayi pakali pano, ndi la mtsikana Chimuka amene makolo atamwalira anathera m'misewu ya Lusaka, ine linandidwalitsa mutu.

Madam Tembo: Mzungu wa ku Scotland atiuze za mzimayi wa mu Africa? Ayi. Ngati mufuna zoona zake werengani Buchi Emecheta, The Joys of Motherhood, 1979. Nnu Ego anavutikira ana moyo wake wonse ku Lagos, kugulitsa nkhuni ndi ndudu kuti anyamata aphunzire, anyamatawo atapita kunja osalemba ndi kalata yomwe, iye n'kukafera yekha m'mbali mwa msewu.

Chiko Reads: Madam mwaulula mapeto!! Komanso munthu wovutika mumupatse buku loti mayi akufera pamsewu? Ndipo McCall Smith anabadwira ku Bulawayo, mu Africa konkuno.

Madam Tembo: Kubadwira ku Bulawayo sikusenza mtolo wa nkhuni. Ana a masiku ano mufuna nkhani zonse zithere pa ukwati ndi keke.

Agogo Mwale: Ife kale sitinkafuna mabuku a Chizungu. Madzulo tonse pa wayilesi kumvera Poceza M'madzulo ya a Julius Chongo, munthu mmodzi kusintha mawu kukhala nkhalamba, mwana, mfumu, mudzi wonse uli chete kuzungulira wayilesi imodzi. Za m'chinenero chathu zinapita kuti? Ana inu mwatchula mabuku onsewa palibe ndi limodzi la Chinyanja. Asisi akowo Chizungu amachimva bwino kapena tikungotaya nthawi?

Amake Dalitso: Funso la agogo ndi lofunika. Mwini post muli kuti kodi?

Membala wobisa dzina: Zikomo nonse ndikuwerenga, bundle inatha. Amene mwandilembera ku inbox kuti mukugulitsa mankhwala a zitsamba chonde siyani. Mng'ono wathu uja waona post wandiimbira kuti ndikuchititsa manyazi banja, chonsecho Khirisimasi yatha sanabwere ndipo ndalama ya malata a nyumba ya kumudzi mpaka lero sanabweze. Madam buku la nyembalo lipezeka kuti?

Tisa wa ku Moth: Mwayankha zonse kusiya zomwe takufunsani kkkk

Nelia Lundazi: Ine ndinachitidwa opaleshoni ndinagona miyezi, anthu ankandibweretsera mabuku ine osatha kugwira ndi kapu yomwe. Chimene chinandithandiza ndi mwana wa achimwene amene ankabwera kudzandiwerengera madzulo. Penapake munthu safuna buku, afuna munthu. Inuyo mumapitako kangati kapena mufuna buku likakhale m'malo mwanu?

Jere Mngoni: Apa Nelia walasa.

Chiko Reads: Kopeza: mu Chipata manovelo ndi mwayi, yang'anani kwa anyamata oyala mabuku akale pansi. Apo ayi mng'ono wanu wa ku Lusakayo akafunse ku Bookworld kapena kwa ogulitsa mabuku akale m'tauni, apereke kwa kondakitala wa basi ku Intercity m'mawa, madzulo mwalandira. Funsaninso aphunzitsi a Literature m'masekondale, ambiri amasunga makope awo.

Madam Tembo: Langa ndili nalo koma sindibwereketsanso. Nervous Conditions yanga ya Tsitsi Dangarembga ndinabwereka mayi wina wa kutchalitchi inabwera chikuto chitachoka masamba a pakati ana atakulungira mtedza. Buku lija la 1988, Tambu kulima chimanga chake kuti apeze fizi poti ndalama zonse zinkapita kwa mchimwene wake Nhamo, atsikana anga m'kalasi ankalira nalo. Ndilonso labwino kwa asisi ako ngati anasiyira sukulu panjira.

Kondwani UNZA: Palibe watchula The Old Drift la Namwali Serpell? Mabanja atatu, agogo, amayi ndi ana, kuyambira nthawi ya atsamunda mpaka Zambia ya m'tsogolo, muli Matha Mwamba amene anali m'gulu la a Nkoloso lofuna kupita kumwezi, ndipo udzudzu ndi umene ukufotokozako nkhani. Linapambana Arthur C. Clarke Award mu 2020.

Tisa wa ku Moth: Masamba opitirira 500 aja? Munthu akulephera kupita ku tebulo la tomato iwe ukumusenzetsa njerwa. Komanso K250 siikwana.

Madam Tembo: Udzudzu kufotokoza nkhani. Ndi zimene mukuphunzira ku yunivesite ya UNZA masiku ano?

Bambo Phiri Katete: Ndikubwerezanso, setifiketi ya ukwati ndi makadi a ana muzisunge kwa inu.

Membala wobisa dzina: A Phiri alamu anga ali moyo ndanena kale kuti alimo m'gulu muno, ndipo sanakwatire wina, ndi munthu wabwino chabe pakamwa. Madam ndifunseko, buku la Nasula lija zilembo zake ndi zazikulu? Chifukwa zing'onozing'ono sizitheka.

Amake Dalitso: Zilembo zazikulu bwanji? Vuto ndi maso kodi? Mama tauzani anthu bwinobwino, ngati ndi maso kapena shuga nkhani ndi ya kuchipatala ndi magalasi poyamba.

Nelia Lundazi: Ndiye ndimanena ine, mukawawerengere.

Madam Tembo: Zilembo zake ndi zapakati. Koma usakagule fotokope ya mumsewu, amadumpha masamba. Ndipo iwe Tisa ndakukumbuka tsopano, unkakhala kumbuyo pafupi ndi windo.

Mulenga Kopala: Alamu amene muli muno tulukani mutiuze chachitika n'chiyani, tatopa kulota.