Thandizeni: ndikufuna kujambula osadula, ngati Oleg Mutu

Moni nonse m'gulu muno, makamaka inu ogwira kamera. Ndikukonzekera kafilimu kakafupi, ndipo mtima wanga wakakamira pa kajambulidwe ka Oleg Mutu wa ku Romania, wobadwira ku Chișinău, m'dziko la Moldova, mu 1972. Ndi amene anajambula 4 Months, 3 Weeks and 2 Days ya Cristian Mungiu, imene inapata mphoto ya Palme d'Or ku Cannes mu 2007.

Chimene chinandigwira mtima m'filimuyo ndi chochitika cha patebulo. Otilia, mtsikana amene filimuyo ikutsatira, ali pa phwando lokumbukira kubadwa kwa amayi a chibwenzi chake. Akuluakulu amuika pakati, akudya, akumwa, macheza ali mkati. Kamera ili phee, sadula, nyimbo palibe. Iye wangoti chete, maganizo onse ali kwa mnzake amene wamusiya ku hotela akuchotsa mimba mobisa, poti mu ulamuliro wa Ceaușescu, mtsogoleri wa Romania nthawi imeneyo, zimenezo zinali zoletsedwa. Mphindi zikamapita, nawenso woonerera umayamba kubanika. Mu The Death of Mr. Lazarescu ya 2005, Mutu anachita zina: kamera ili paphewa, ikutsatira bambo wachikulire wodwala amene ambulansi ikumuzungulitsa m'zipatala za ku Bucharest usiku wonse.

Nane ndili ndi chochitika chotere: mtsikana ali chete pakati pa amalume akukambirana za ukwati wake. Koma osewera anga ndi ongoyamba kumene. Wina akaphonya mawu chakumapeto, zonse zawonongeka. Ndilimbe mtima, kapena ndijambulenso nkhope zawo pafupi kuti ndikhale ndi pothawira? Nanga kamera ikhale pa tripod (choimikira cha miyendo itatu) kapena paphewa?

Yankho:
Achimwene, kamera ikhale pa tripod. Aliyense wakhala pansi, ndiye mukuigwedezeranji? Bambo wodwala uja amapita naye uku ndi uku, n'chifukwa chake kamera imayenda. Nthawi yambiri muiike poyeserera, mpaka amalumewo azidulana mawu okha ngati kunyumba.

Yankho:
Ine ndikuti nkhope za pafupizo jambulani ndithu, sizikuwonongerani kanthu. Koma samalani mawu. Anthu ambiri akamalankhulira limodzi, maikolofoni imodzi siikwana, ndipo popeza simudula, pobisa cholakwa palibe. Muli ndi maikolofoni angati, ndipo chipindacho chili ndi zenera mbali iti?