Kodi Allan Namoko anayamba bwanji kujambula nyimbo?

MwanaWakuNgabu: Abale ndithandizeni. Dzulo ndili pa kabaza pa Nchalo ndinamva wina akuliza Namoko pa sipika mu shopu, mpaka ndinamuuza wakabaza aime kaye poti malemu bambo anga nyimbo zimenezi ankazikonda koopsa, madzulo kukatentha amatulutsa wailesi panja tonse tili pamphasa. Nde funso langa ndi loti munthu wosaona wa kumudzi ku Thyolo, nthawi yoti kunalibe ma studio ngati lero, zinatheka bwanji kuti amveke dziko lonse?

Gogo_Bangula: Mwanawe yankho lake ndi MBC basi. Zaka za m'ma 1970 ndi 1980 wailesi inali imodzi yokha, oimba amakwera basi kupita ku Blantyre kukajambula pa matepi akuluakulu ozungulira aja, gulu lonse kuimba pamodzi, wa ng'oma akaphonya mukuyambiranso nonse, osati zapanozi zomata pa kompyuta. Namoko ndi banjo yake, anyamata a Chimvu Jazz Band pambuyo. Chimandiwawa ndi choti tepi imatsala ku wailesi konko, nyimbo kumveka kuyambira Nsanje mpaka Chitipa koma mwini wake m'thumba mulibe kanthu. COSOMA yomwe, bungwe loteteza umwini wa nyimbo, inadzabwera mochedwa, 1992.

Nyamphinga: Kuwonjezera pa a gogo, chimbale cha Ana Osiidwa chinatuluka 1992 kudzera ku Pamtondo, kampani ya Dr John Lwanda amene amakhala ku Scotland. John Peel wa BBC ankaika nyimbo za Namoko pa pologalamu yake. Namoko anabadwa 1956 nkumwalira 1995, zaka 40 sanakwanitse.

WakuEastBank: Ife akuno kumunsi kwa mapiri a Thyolo timamutenga ngati wathu ndithu, Chilomwe chimene amasakaniza mu nyimbo timachimva pa msika tsiku ndi tsiku. Mvetserani bwino banjo ija, sikuti imangoperekeza mawu ayi, imayankha, akaimba mzere iyo nkubweza ngati anthu awiri akucheza pa maliro. Ine pamenepo mpomwe ndimalira. Komanso zimandikumbutsa akuluakulu athu oimba ulimba, chida choimbira cha timatabwa chija, amene akutha osajambulidwa ngakhale kamodzi.

MwanaWakuNgabu: Takhuta nonse. A East Bank mwandikhudza, amalume anga ali ndi ulimba wawo ku Makhanga ndipo manja ayamba kunjenjemera. Loweruka ndiwoloka Shire ndi foni ndikawajambule, amene akudziwa kaikidwe kabwino ka foni kuti mawu asamaphokosere andiuze.