Sikiripiti ilipo koma ndalama n'zochepa: tidule chiyani?

Mlembi_Kapata: Akuluakulu, sikiripiti ya masamba 90 yatha, nkhani ya abale olimbirana munda. Kamera ndi yobwereka, m'thumba mulibe zambiri. Tidule chiyani kuti filimu ituluke? Nanga wolemba amadya pati?

WaKamera_Chipata: Achimwene, tsamba limodzi ndi pafupifupi mphindi imodzi ya filimu. Kagulu kochepa kakalimbikira kamajambula masamba 4 kapena 5 patsiku, ndiye anu 90 akufuna masiku ngati 20. Chimene chimamaliza ndalama si kamera ayi, ndi nsima ya anthu onsewo ndi thiransipoti tsiku lililonse. Bwererani pa pepala. Malo akhale atatu oyandikana, osewera enieni asapitirire asanu. Zochitika za usiku zisandutseni za masana, chifukwa usiku umafuna nyale, malaiti akathima mufuna jenereta, ndipo phokoso lake limalowa m'mawu. Malizani zonse za pamalo amodzi musanasamuke, osatsata ndondomeko ya nkhani. Koma tolani zithunzi za zovala za wosewera aliyense pafoni, apo ayi munthu adzalowa m'nyumba ndi chitenje chofiira n'kutuluka ndi chobiriwira.

Mai_Mawu: Ndiwonjezepo za mawu, poti mafilimu athu ambiri amafera pamenepo. Chithunzi chikaipa pang'ono anthu amapirira, koma akapanda kumva zoyankhula amachoka. Maiki ya pakamera isiyeni. Mangani maiki kunsonga ya ndodo yaitali, ikhale theka la mita pamwamba pa woyankhula, ndipo wina avale mahedifoni nthawi yonse. Chojambulira mawu muchiike pa 48 kHz, muyezo wa mawu umene amagwiritsa ntchito m'mafilimu. Poyamba pa chigawo chilichonse wina awombe m'manja kamodzi kamera ikuona, kuti polumikiza mawu ndi chithunzi musavutike. Mukamaliza, onse akhale chete mphindi imodzi mujambule phokoso la malowo, lidzatseka mipata podula.

Malo kawaoneni ndi makutu. Pafupi ndi chigayo, tchalitchi kapena msewu waukulu wopita ku boda ya Mwami musayese. M'nyumba ya malata nthawi ya mvula simumveka kanthu, choncho Meyi mpaka Julayi ndiye bwino. Ogasiti ali ndi mphepo, maiki ivekeni chaubweya. Madzulo alionse kopani zonse m'mahadidisiki awiri.

Mkulu_Katete: Za wolemba: "tidzagawana filimu ikagulidwa" ndi mawu amene amadanitsa anthu. Lemberanani. Papepalapo pakhale ndalama yake, gawo lolipidwa musanayambe kujambula, dzina la wolemba kuonekera pafilimu, ndiponso mwini nkhani ndani akafuna kupanga gawo lachiwiri. Osewera nawonso asaine chilolezo, chifukwa wailesi ya kanema kapena a chikondwerero cha mafilimu adzachifunsa. Nyimbo za eni musaike popanda chilolezo, funsani ku ZAMCOPS, bungwe loteteza umwini wa nyimbo ku Zambia, kapena pezani woyimba wa konkuno akupekereni zanuzanu.

Mukamajambula kumudzi yambani mwaonekera kwa anyakwawa. Ngati nkhani ikukhudza Gule Wamkulu, zimenezo zili ndi eni ake, osangovalitsa mnyamata chigoba.

Mlembi_Kapata: Zikomo akuluakulu. Nanga maliro amene ali pakati pa nkhani, poti amafuna khamu?

WaKamera_Chipata: Anthu 12 akwana. Kamera isendere pafupi, muwasinthe malo ndi zovala, nyimbo ya maliro imveke ngati ikuchokera kuseri kwa nyumba.