Agogo akungokamba za mchere, ndiwafunse bwanji?

Mnyamata wa ku Chibavi:
Ine ndimajambula maukwati ndi zinkhoswe kuno ku Mzuzu. Mwezi watha ndinaonera kafilimu ka mphindi khumi pa YouTube, ka mayi wa ku Ukraine akuphikira ana m'chipinda chapansi, magetsi kulibe. Mfuti sinaonekemo ngakhale imodzi, koma tulo sindinatione. Mtima unali pa agogo anga aakazi amene timakhala nawo. Anathawa ku Angónia, m'dziko la Mozambique, mu 1986, nkhondo ya Renamo ndi Frelimo itavuta, nakakhala ku Dedza. Mtendere utabwera mu 1992 anzawo anabwerera, iwo ayi. Ndikufuna kuwajambula adakali ndi mphamvu. Koma ndikangotchula nkhondo amati, "Mwanawe, mchere kunalibe." Akatero ayambe za mphika umene anausenza usiku wonse. Nditani kuti afike pa nkhani yeniyeniyo?

Mayi a ku Katoto:
Achimwene, nkhani yeniyeniyo ndi imeneyo. Musawakokere ku mitembo, mwina zimenezo anazikwirira dala. Afunseni kuti mchere utasowa ankathira chiyani m'ndiwo, ankatunga kuti madzi, mwana akalira kuthengo ankamutontholetsa bwanji. Amene anathawira m'Malawi muno anali pafupifupi miliyoni imodzi, koma za m'miphika mwawo sitinazimvepo. Mphikawo ulipo?

Bambo a ku Luwinga:
Ndikugwirizana ndi mayiwa. Mu Disembala 1993 ndinali Sitandade 6, apayoniya atawombera asilikali a ku Moyale konkuno, n'kuyambika Operation Bwezani, yoti asilikali alande zida apayoniyawo. Sizingafanane ndi za ku Mozambique, zinali za masiku ochepa. Koma chimene chinanditsalira m'mutu mpaka lero ndi fungo la nsima yopserera, chifukwa mayi anatilowetsa kunsi kwa bedi n'kuiwala poto pamoto.

Wojambula mnzako:
Samala mawu kuposa chithunzi. Mvula ya Mzuzu ikayamba pamalata sudzamva kalikonse, ndiye ika foni ina pafupi ndi pakamwa pawo. Akakhala chete usadule, dikira. Komanso uwauze momveka kuti anthu achilendo adzawaonera pa intaneti, ndipo ayambe aonera okha. Chimene akane, chotsa.

Mnyamata wa ku Chibavi:
Yewo nonse. Mayi a ku Katoto, mphika ulipo! Ndi uja wong'aluka pakamwa umene amasungamo nyemba zambewu, ine osadziwa zaka zonsezi. Avomera Loweruka m'mawa, koma akuti ndiwagulire kaye chitenje chatsopano, sangaonekere kwa anthu ndi chakale.